Khoma limene ndinapaka laimu

Aulutsi, ndikulemba kuchokera ku Santhe. Amuna anga ankajambula zithunzi pamakoma a magolosale. Pakhoma la nyumba yathu anajambulapo mudzi wa kwawo ku Kaluluma, ndi mitengo ya miwanga imene anthu anaidula kalekale kumangira zigafa za fodya.

Ukwati wa mwana wathu utayandikira, ndinapakapo laimu poopa kuti alendo atiseka. Amuna angawo atafika anangoima n'kuyang'ana khomalo.

"Amake mwana, kwathu kunatsala pakhoma pokhapa," anatero.

Ndinawayankha mwaukali, "Mudzajambulanso! Kodi manja aduka?"

Mwezi womwewo anadwala sitiroko, dzanja lamanja n'kuuma. Masiku ano amakhala pakhonde, ine ndikupala laimuyo ndi supuni. Paoneka nthambi imodzi yokha. Amaiyang'ana tsiku lonse, koma ine sandiyang'ana.