Chimutu mu Filimu ya a Fabiano

A Fabiano, eni vidiyo sho ya pa Nsaru, analowa m'kashopu ka Rhoda woika mafilimu, atapanira fulashi ndi zala ziwiri ngati khoswe wakufa. Inali nyengo yogulitsa fodya, matumba a anthu ali tho, koma makasitomala awo anali atayamba kuthawira ku sho ya Hopeson kuseri kwa chigayo.

"Iwe Rhoda, m'chotse munthu uyu."

"Munthu uti, bambo?"

"Wachimutuyu! Ndewu ikangofika pokoma, iye nyamu, kutsogolo kwa sikirini. Dzulo anthu anakuwa kuti khala pansi, mpaka wina kumugenda ndi patapata. Inatsala pang'ono kuphwanya TV yanga!"

Rhoda analowetsa fulashi mu kompyuta, n'kuyang'ana osaphethira. "Iyi ndi yojambula mobera. Wina analowa mu sinema kunjako ndi kamera. Mutuwo ndi wa amene anakhala kutsogolo kwake."

"Ndiye muuze akhale pansi."

"Sindimudziwa."

"Ha! Wandigulitsa munthu wosamudziwa?"

"Munati mukufuna yatsopano komanso yopepuka, yokwana mu kafulashi kanu."

"Yopepuka, osati ya alendo. Chimanga chikalowa anankafumbwe timapeta. Peta!"

"Filimu sapeta, bambo."

"Nanga akutsokomolayo ndani?"

"Mnzake."

"Alipo awiri eti!" A Fabiano anagwira m'chiuno. "Ndikusunga anthu ine osadziwa."

"Ilipo ina yoyera, ya HD. Koma ndi yolemera, ndipo ndi MKV. Makina anu akale aja amawerenga MP4 yokha."

"Makina anga sukulu anapita nayo patali kuposa ine."

"Makina sapita kusukulu. Dikirani ndiisinthe."

Anadikira akung'ung'udza. Filimu itayamba, a Fabiano anayasama. Chithunzi mbee, mpaka thukuta la msilikali kuoneka dontho lililonse. Chimutu palibe. Chifuwa palibe.

"Ehee! Hopeson watha basi!"

Msilikali uja anatembenuka n'kulankhula Chingerezi chake chodzera m'mphuno. Kenako zii.

A Fabiano anatchera khutu. "Kweza."

"Ndakweza."

"Nanga apa bwanji kuli ngati pamaliro? Dzulo pomwepa holo yanga yonse inafa ndi phwete."

"Ankayamba kuseka ndi a mu sinema aja. Anthu anu ankangotsatira."

"Kodi msilikaliyu wanena chiyani?"

"Kaya. Inenso sindinamve."

A Fabiano anakanda pachipumi. Anaganiza za makasitomala awo, alimi a fodya okhaokha, atakhala ndwii pamabenchi, palibe wowauza poseka, kenako mmodzimmodzi akutuluka kulunjika kuchigayo.

"Ndiike imeneyi?" Rhoda anafunsa, chala chili pa batani.

A Fabiano anamugwira dzanja msangamsanga.

"Mwana iwe, ulibe chisoni? Munthu akundigwirira ntchito ulere, iwe n'kumuchotsa? M'bwezere, ndi mnzake yemwe!"