Mbiri ya Asikelo ndi thumba lomwe sanamasule

Amene tikuwaika m'manda lerowa ndi mdzukulu wanga, bambo aja mumawaitana kuti Asikelo. Anabadwa mu 1988, m'nyumba yathu yoyang'anana ndi njanji. Mayi awo atamwalira ndinawalera ndine. Kusukulu sindinapondeko, mawuwa ndi anga, wolemba ndi kuwerenga ndi mlongo wawo.

Sukulu analekezera kusekondale. M'mawa uliwonse ndinkawachenjeza: osatola chinthu pamsewu, osasungira munthu katundu, pomwe paima apolisi muzilambalala. Ankangoseka, amvekere agogo, mantha adzakuphani matenda asanakupezeni.

Anakwatira mu 2012, Mulungu n'kuwapatsa ana atatu. Kutchalitchi ankaimba besi m'kwaya.

Ntchito yawo inali yogula zitsulo zakutha pasikelo. Chifukwa cha mzere wa ogulitsa, thumba ankaliyeza lili chimangire, n'kuliunjika m'shedi, kudikira Loweruka pomwe ankamasula onse ndi kusankha. Ndinawauza kuti thumba losaliona m'kati silisungika. Anati agogo, dzimbiri silinalumepo munthu.

Chaka chatha, tsiku Lachinayi, apolisi anabwera kudzachita chipikisheni. M'thumba lina, pakati pa mapoto obooka ndi matcheni a njinga, anapezamo mfuti. Chiphaso cha mfuti malemu analibe. Anawatenga manja ali akuda ndi oyilo, ndipo belo anawakaniza.

Kukhoti ndinkapita nthawi zonse, n'kukhala pabenchi yakumbuyo. Woweruza ananena kuti kupezeka kwa mfuti m'shedi pakokha si umboni wokwanira. Mfutiyo ibwere pamaso pa khoti. Katswiri aiyese, anene ngati ilidi mfuti yoti n'kuwomba. Ndiponso pakhale mboni yosonyeza kuti malemu ankadziwa kuti ilimo. Tsiku lina katswiri sanabwere. Tsiku lina wosunga kiyi wa chipinda cha umboni anali patchuthi. Ife tinkangobwerera. Malemu ankaonda, shati n'kumawakulira.

Pomaliza wapolisi yemwe anapeza mfutiyo anafunsidwa kuti thumbalo analipeza lotani. Anayankha kuti, "Linali lomanga ndi waya, bwana. Ndinadula ndine." Wina woti anaona malemu akulitsegula sanapezeke. Woweruza anawamasula, anati alibe mlandu.

Kundende anatuluka ndi chifuwa. Kuchipatala anagonekedwa kawiri, mankhwala akumwa mosadumphitsa, koma thupi linali litatha kale. Anatisiya Lachiwiri m'mawa, mkazi wawo akuwapukuta kumaso. Ine misozi sinabwerebe, sindikudziwa chifukwa chake.

Tsono mundimvere. Achinyamata, chomwe simunachione m'kati musachilowetse pakhomo. Ndipo inu makolo: mwana woyamba wa malemu wasiya sukulu chifukwa anzake akumamutcha mwana wa wamfuti. Ana sapeka okha mawu otero, amawamva m'nyumba zanu. Boma linafunafuna umboni, lili ndi apolisi ndi akatswiri, silinaupeze. Amene muli nawo, imirirani pano bokosi lisanatsike. Ngati palibe, Lolemba mwanayu abwerera m'kalasi, ndipo ndikamuperekeza ndekha mpaka pageti.

Malemu asiya mkazi, ana aamuna awiri, wamkazi mmodzi, mlongo wawo, ndi ine agogo awo. M'shedi mwatsala matumba a sabata ya chipikisheni ija, akadali chimangire. Palibe walimba mtima kuwakhudza.

Asikelo, kumene mwapitako kulibe wokufunsaninso za thumba. Apumule mu mtendere.