Chitenje cha mayi Namakhwa

Moni nonse amene mumanditsata pa tsamba lino, ondikonda ndi inu omwe mumangobwera kudzasuzumira. Lero sindikuikirani kanema wovina ayi. Ndikufuna ndichitire umboni za tsiku limene ndinatsala pang'ono kulephera kutsanzikana ndi mayi anga ondibereka.

Kwa amene simundidziwa, ndine Alinafe wa ku Bangwe. Ndinabadwa ndi thupi lachimuna ndipo anandilera ngati mnyamata, koma ine ndine mkazi, ndipo ndinazidziwa ndisanayambe n'komwe sukulu. Ntchito yanga ndi kuvina. Ndimatulukira pa siteji ndi diresi lonyezimira, magolovesi ofika m'zigongono, nthenga kumutu, kenako n'kumachotsa chimodzichimodzi mwamatama, uku ndikuseketsa anthu. Golovesi imodzi yokha ndimatha nayo nyimbo yathunthu, azimayi pa bulaidolo shawa ali gwaa kukuwa. Ntchitoyi ndimaidziwa, abale, ndipo sindichita nayo manyazi.

Madiresi onsewo ankasoka ndi mayi anga, pa makina awo a pakhonde. Ankandiuza kuti ngati ndasankha kuvina ndizivina zooneka, ndisawanyozetse ndi msoko wokhota.

Atamwalira ndi matenda a shuga, ndinathedwa nzeru. Mukudziwa mmene timakhalira pa maliro: azimayi m'nyumba ya siwa pafupi ndi bokosi, azibambo panja pa mabenchi. Ine ndinamanga chitenje ndi duku, n'kulunjika pakhomo. Apo ndinapeza amalume anga, amene anali atangofika kuchokera ku Machinjiri, atatsekereza.

"Iwe, masula chitenjecho ukakhale ndi amuna anzako. Apo ayi, choka pano."

Ndinamasula, abale. Ine amene ndimavula anthu akuwomba m'manja, tsiku limenelo ndinavula anthu ali zii. Amalume analanda chitenjecho n'kuchiponya pa mpanda. Nditapita ku mabenchi, aliyense anatambasula miyendo kuti malo asapezeke. Ndinakaima kuseri kwa bafa ndikumva azimayi akuimba m'nyumba, mwambo woona nkhope utayandikira. Zinandiwawa koopsa. Ndinapemphera kuti, Ambuye, sindikupempha kuti anthuwa andikonde, ndingowaona mayi anga bokosi lisanatsekedwe, basi.

Amene anabwera ndi munthu yemwe sindikanamuganizira mpang'ono pomwe: mayi Namakhwa, mtsogoleri wa azimayi a kumpingo kwa mayi anga. Mayi aukali amene zaka zonsezi ndikawapatsa moni ankayang'ana kumbali. Nditawaona ndinati eee, lero ndiye ndatha. Koma iwo anamasula chitenje chawo chapamwamba, n'kundimanga m'chiuno okha, mothina ngati akumanga mwana wopita ku tchalitchi. Anandigwira dzanja mpaka pakhomo paja.

"Achimwene," anawauza amalume, "ine ndinkabwera kudzapemphera ndi malemuwa akudwala. Amene ndinkamupeza akuwasambitsa ndi kuchapa zofunda ndi mwana uyu. Inuyo sindinakuonenipo. Tapatukani tidutse."

Amalume anayang'ana kwa azibambo, koma palibe anatsokomola. Anapatuka. Azimayi anasuntha, ndipo ndinakhala pa mphasa kumutu kwa mayi anga. Ndinawaona nkhope, ndinawakonza duku lomwe linapendekeka, ndinalira mokweza ngati mwana wawo wamkazi.

Musaganize kuti mayi Namakhwa anasanduka okonda magule anga. Nditawabwezera chitenje chija nditachichapa ndi kuchisita, anandiuza maso ndi maso kuti zovina zangazo sagwirizana nazo. Koma chitenjecho anakana kulandira. Anati ndichisunge, maliro ndi ambiri, ndipo ndizifika.

Ndikuthokoza Mulungu amene anandiyankha kudzera mwa munthu amene sankandiyankha moni. Inu amene mwaima kuseri kwa bafa lero, osadziwa kuti mukhale mbali iti, musathawe. Pempherani, ndipo khalani pomwepo, chifukwa simukudziwa amene akubwera.

Ndinabwerera pa siteji, ndipo ndikuvinabe mwamphamvu ndi madiresi a mayi anga. Magolovesi ndimachotsa, nthenga ndimachotsa, diresi lonyezimira limagwa pansi. Mkati mwake mumatsala chitenje cha mayi Namakhwa. Anthu amakuwa kuti chotsa, chotsa, ine n'kumangoseka. Chimenecho palibe adzandimasulenso.