Makadi a kusikelo anachitira umboni mwana wanga

Amene anayamba kundiuza nkhaniyi ndi alamu anga ogwira ntchito panjanji kuno ku Cuamba, poti makalata athu amafikira kwa iwo. Anati, "Alamu, khalani pansi kaye. Mwana wathu uja amukana kusukulu ya unamwino."

Mwana wanga wamkaziyu anathandiza anamwino zaka zitatu pa kachipatala ka kwathu ku Ngauma tisanathawe nkhondo. Mayeso anakhoza ndithu. Koma akusukuluko anati lamulo limafuna munthu wolembedwa m'kaundula wa othandiza kuchipatala. Kaundulayo anapsa tsiku limene ankhondo anatentha kachipatalako. Ine ndinangogwada n'kulirira Mulungu.

Mwanayo sanagonje, anakadandaula kukhoti. Woweruza anamufunsa kuti, "Mayi, umboni woti munagwiradi ntchitoyi uli kuti?" Tinalibe.

M'mawa mwake m'khotimo munadzaza amayi anzanga amene tinathawa nawo limodzi. Aliyense anamasula mfundo ya chitenje n'kutulutsa kadi la kusikelo la mwana wake. Pothawa paja anasiya mbuzi ndi mapoto, koma makadiwo sanawasiye. Mayi wina anati, "Bambo, taonani amene anasaina apa. Dzanja limeneli ndi lomwe linabaya katemera kamwana kakulongololaka." Woweruza anaseka, nayang'ana makadi onse, napeza kuti anasaina ndi mwana wanga, n'kulamula kuti amulembenso m'kaundula. Sukulu yamulandira!

Amayi inu, Mulungu akudalitseni. Mwezi wamawa mwanayu anyamuka kupita kusukuluko, ndipo msewu mukuudziwa m'mene ulili masiku ano. Omvera anzanga, kumbukirani banja langa m'mapemphero anu, kuti akafike wamoyo.