Makina Opanda Pothira Mafuta

Olemekezeka a Meya a mzinda wathu wa Sunnyvale. Olemekezeka Bambo Wendell Okamoto, mkulu wa nyumba ino yosungiramo zinthu zakale. Olemekezeka aphunzitsi ndi ophunzira. Akuluakulu amene munkalumikiza mawaya m'magalaja tsitsi lisanayere. Amayi ndi abambo.

Ine ndine Darlene Vasko. Mwandiitana kuti nditsegule chipinda chokumbukira kompyuta yaing'ono ya mu 1984 ija, pamodzi ndi kanema wotsatsa malonda amene anailengeza, ndipo ndikuthokoza komiti imene yagwira ntchitoyi mosatopa, ngakhale mipando yaperewera. Sekani inu okhala, oima kumbuyoko sakuseka.

Bambo anga, a Emil Vasko, ankakonza makina otayipira, ndipo sitolo yawo ndiyo inkatidyetsa, koma makasitomala anali atayamba kuchepa. Kanema wotsatsa kompyuta uja tinamuonera kunyumba pa TV, tsiku la mpira waukulu wa chaka. Mukudziwa kuti zotsatsa malonda zikayamba aliyense amathamangira kuchimbudzi, koma tsiku limenelo palibe anadzuka. Atatha, amalume anga a Rudy anati, "Alamu, phunzirani kugulitsa masoseji, ntchito yanu ija yagona." Bambo anayankha kuti munthu wotsatsa katundu osamuonetsa ndiye kuti katundu wakeyo ali ndi chilema, pakuti kompyuta yeniyeniyo sinaoneke m'kanemamo.

Ine ndinali mtsikana wamakani. Ndinawauza bambo kuti tiyambe kugulitsa makompyutawo, apo ayi ndikafuna ntchito kwina, sitoloyo ife pamodzi ndi makina otayipira. Iwo anali ndi lamulo lawo: sankagulitsa makina amene sanawatsegule ndi kuona m'mimba mwake. Anavomera kuitanitsa imodzi yokha, kuti aipezere chifukwa.

Itafika, palibe sikuludiraiva ya m'sitolo imene inafikira masikuluwu ake. Bambo sanagonje, ananola yawo kuchokera ku chitsulo chachitali mpaka anaitsegula. Anakhala pansi, kabotolo ka mafuta kali m'manja, kufunafuna sipuling'i, kufunafuna chitsulo chopindika choti awongole, koma anangopeza timatabwa tobiriwira todzaza tizinthu takuda tosagwedera. Anayang'ana nthawi yaitali, kenako anatseka kabotolo kaja.

"Darlene, muno mulibe ntchito yanga," anatero. "Amenewa akadwala, ine sindingamve pamene pakuwawa. Itanitsa ena, ndipo pachikwangwani palembedwe dzina lako."

"Ababa, nanga inu?"

"Ine ndizisesa."

Ndinapambana mkangano, koma ndinakalirira kuseri kwa sitolo, ndipo mpaka lero zimandipweteka. Sitolo inapulumuka. Bambo anasesadi mmenemo mpaka kumwalira kwawo, osadandaula ngakhale tsiku limodzi.

Kanema uja mumuona m'chipindamo, ndi wokongoladi, ndipo amene anamupanga ayenera kulandira ulemu wawo. Koma ophunzira inu, amene mudzapange makina atsopano, muzidziwa kuti makina alionse akafika pamakhala wina amene amatula pansi zida zake. Kompyuta imene ndapereka lero ku nyumba ino ndi yomwe bambo anatsegula ija. Ndapempha Bambo Okamoto kuti aiike moyang'ana kukhoma, kuti muone zipsera zimene sikuludiraiva ya bambo anga inasiya kumbuyo kwake, ndipo asadzazifute.

Ndi mawu amenewa, ndikulengeza kuti chipinda chino chatsegulidwa mwalamulo kuyambira tsopano.

Zikomo kwambiri.