Chilombo Chovula Nsapato

Bambo Kuwabara anakalambira kuseri kwa kamera, akujambula zilombo zikugumula timizinda tamatabwa, ndipo dzina lawo linkaoneka kumapeto kwa filimu anthu atatuluka kale. Tsopano mabwana, mitima itapita ku zilombo zopangidwa pakompyuta, anawaponyera ntchito yotsazikira: kamzinda kamodzi kolekeza m'mawondo, mpukutu umodzi wa filimu, ndi munthu mmodzi wovala chikopa cha chilombo, dzina lake Shimomura, amene kale ankalandira anthu kunyumba yogona alendo.

"Tamvera," anatero a Kuwabara. "Mzindawu ndi womwewu, ukagwa wagwa. Ulowe, uponde, ugumule. Usayang'ane kamera. Ndipo kamera yangayi asaikhudze munthu."

"Ndamva, bwana," anayankha mawu ochokera pakhosi pa chilombo.

Chilombo chinayenda mpaka panyumba yoyamba, chinaima, n'kuyamba kulimbana ndi phazi lake.

"Ukutani?"

"Ndikuvula nsapato."

"Si nsapato zimenezo. Ndi mapazi a chilombo."

"Ndinachita kuvala, bwana. Chovala kuphazi ndi nsapato."

"Valanso."

"M'nyumbamu muli mphasa. Ndasuzumira."

"Mphasa yake yaing'ono ngati chikhadabo."

"Komabe ndi mphasa."

Shimomura anaika mapazi awiri aja pambali bwinobwino, zala zitaloza kunja, monga amachitira mlendo woleredwa bwino. Anatsala ndi masokosi oyera.

"Chilombo cha masokosi unachiona kuti iwe?"

"Aa, zoona. Masilipasi a alendo ali pati?"

A Kuwabara anagwira mutu. Magetsi akuluakulu anali akuwotcha, ndipo ankadziwa kuti mawa mabwana adzasesa holo yonseyi kuti muziimikidwa magalimoto. Anthu otere sakupatsa tsiku lachiwiri.

"Ponda ndi masokosi omwewo. Ndijambula kuyambira m'mawondo."

Chilombo chinagwada, mchira n'kukhala pansi, chinagogoda kachitseko ndi chikhadabo chimodzi.

"Odi kuno."

"Ukuodira ndani?"

"Eni nyumba."

"Mulibe munthu."

"Ndiye tiwadikire. Sanapite patali, zovala zili pachingwe."

"Zovalazo ndinayanika ndine. Akalipentala a masiku ano sungawakhulupirire, akanaiwala."

Chilombo chinabwerera m'mbuyo.

"Ndiye pano ndi panu? Iii, bwana, mukananena. Ine ndabwera chimanjamanja, opanda ngakhale kaphukusi ka maswiti."

"Si panga. Si pa wina aliyense. Ndi matabwa."

"Kwathunso n'kwamatabwa."

"Shimomura, chilombo sichiodira. Chimatuluka m'nyanja chitakwiya."

"Chakwiyira ndani?"

"Aliyense."

"Anthuwa sanandilakwire. Taonani, atsirira ngakhale maluwa."

"Choka. Choka pamenepo, uone mmene amachitira anthu odziwa ntchito."

A Kuwabara anadumpha kampanda n'kulowa mumzinda.

"Bwana, nsapato."

"Khala chete. Iyi ndi nyumba ya bwana uja anati maso anga afooka." Phwaa, denga pansi. "Iyi ya uja analemba dzina langa molakwika. Iyi ya kamnyamata ka makompyuta kamene kamanditcha agogo."

Anathyola mlatho ndi bondo. Anakankha sitima ya pamtunda, inakagwera pamsika wa nsomba. Nsanja anaigwira pakhosi, kuigwedeza, kuiluma kumene. Fumbi linakwera mpaka kumagetsi, iwo akubangula mawu amene chilombo chilichonse cha m'mafilimu awo sichinatulutsepo.

Atatha mphamvu, anakhala pansi pakati pa zibenthu, chingwe cha zovala chili m'khosi. Pamenepo m'pamene nzeru zinabwerera.

"Mzinda wanga," ananong'ona. "Wagwa wopanda wojambula."

Anatembenukira ku kamera. Kuseri kwake kunali chilombo, diso lili pagalasi.

"Ndajambula, bwana. Mpukutu wonse watha."

"Ndinati asaikhudze munthu."

"Munthu sanaikhudze. Manja a chilombowa sindinavule."

A Kuwabara anaimirira. Kwa nthawi yoyamba nkhope yawo inali m'filimu, poyambirira penipeni, anthu asanatuluke. Anadzisasa fumbi, n'kufunsa ndi mawu otsika ngati a munthu wofuna ntchito:

"Nanga zatuluka bwanji?"

Chilombo chinawerama mwaulemu mpaka nyanga kugunda pansi.

"Kugumulako mwagumula bwino, bwana. Koma tibwereze. Mwayang'ana kamera."