Mbatatesi za Ambuye Episkopi

Kale, magetsi asanafike ku parishi kwathu kuno, mbatatesi zamaluwa zimene mukundionetsa pa fonizo ine ndinazipanga ndi manja awawa, ndipo usaseke iwe Esinta, chifukwa tsiku limenelo ndinatsala pang'ono kufa ndi mantha. Pitirizani kuswa mtedzawo, kumva n'kwa makutu.

Amuna anga atamwalira, abale awo anandichotsa pamudzi, paja ndinali pa chitengwa, ndipo kwathu ku Malomo mayi anali atatisiya kale, munda ena atagawana. Bambo mfumu anandipatsa kanyumba kuseri kwa tchalitchi, nati ndiyesedwe kukhitchini mwezi umodzi: ndikakhoza ndikhala, ndikalephera m'kanyumbamo mulowa wina. Inu lero ntchito ikatha mumangokwera minibasi wa ku Lilongwe, koma ine ndi ana atatu ndikanalowera kuti?

Lamulungu lomaliza la mweziwo kunabwera Ambuye Episkopi kudzapereka ulimbitso. Mbatatesi zamaluwazo ankapanga ndi asisitere okalamba amene ankandiphunzitsa kuphika, ine ndinali nditangoonerera kamodzi, nakonso ndikutsuka mbale. Mmawa wa tsikulo malungo anawagwetsa, ndipo ali chinjenjemerere m'bulangete anandifunsa kuti, "Nabanda, kapangidwe kake mukudziwa?" Ine poopa kuoneka mbuli ndinati, "Eya, ndikudziwa." Paja amati safunsa anadya phula.

Ndinaphika mbatatesi zonse zimene zinali m'nyumba ya ansembe, n'kukhetsa madzi, n'kugwira mthiko. Ananu, dzanja la mkazi wa kuno likagwira mthiko limadziwa chinthu chimodzi basi, kutyakula, ndipo ndinatyakula mpaka thukuta kamukamu kuti zisalale bwino. Koma mbatatesi si ufa ayi. Zinasanduka ulimbo. Nditaziika m'kathumba kansalu kokhala ndi kachitsulo ka mano kunsonga, ndinafinya, ndinafinyanso, kunangotuluka chinthu chotuwa chonanda. Apo n'kuti m'tchalitchi atayamba kale nyimbo yolowera.

Ndinathamangira kwa asisitere misozi ili chuchuchu. "Mwana wanga, sizityakulidwa zimenezo," anatero. "Muzikanikize pa sefa zikadali zotentha, batala ndi zachikasu za mazira muzisakaniza pang'onopang'ono ngati mukusambitsa khanda." Koma mbatatesi zina ndikanazitenga kuti, tsiku la Mulungu, msika uli kutali, njinga ndilibe?

M'kanyumba kanga munali dengu la mbatatesi za mbewu zimene ndinkasungira kudimba, zitaphuka kale, zina khungu lobiriwira. Mayi anga ankati zoterozo zimapotokola m'mimba, mwinanso kupha kumene. Ndinaima pakhomo nthawi yaitali ndikuliyang'ana dengulo, koma ndinalinyamula. Zobiriwira ndinataya, zotsalazo ndinasenda mozama n'kukolowola maso onse, Tikuoneni Maria asakuchoka pakamwa. Ulendo uno kathumba kanamvera, timaluwa tinakhala bwinobwino pa thireyi, ndipo mu uvuni wa nkhuni tinatuluka titafiira m'mphepete.

Kaduwa kamodzi ndinadya ndekha. Ndinati ngati muli chiphe chiyambe ine, ndipo ndinakhala pa mpando ndikumvetsera m'mimba mwanga, mtima ukugunda ngati mtondo wa anthu awiri, ndikuganiza kuti ndikagwa pano ana anga awatola ndani. Misa inatha ndikadali moyo, ndiye ndinapereka chakudya n'kubisala kuseri kwa chitseko.

Posakhalitsa kabelu ka patebulo kanalira. Ndinati basi, wina wayamba kusanza. Ndinalowa n'kugwada patali, maso pansi.

"Mayi, mbatatesi zokoma chonchi munazigula kuti?" anafunsa Ambuye Episkopi.

Bodza limodzi linali litandikwana tsiku limenelo. "Sindinagule, Ambuye. Za kuno ndinaziononga ndi mthiko. Zimene mwadyazi inali mbewu yanga."

Ndinamva foloko ikuikidwa pa mbale, ndipo mumtima ndinayamba kale kumanga katundu. Koma Ambuyewo anali mwana wa mlimi, wobadwira m'mapiri a Ntchisi omwewa, ndipo anatembenukira kwa bambo mfumu nati, "Abambo, tadya mbewu ya mayi wamasiye. Sitingamuuze kuti azipita, alibe chodzala."

Bambo mfumu anandigwira mkono n'kundidzutsa pamene ndinagwadapo. M'kanyumba kaja ndinakhalamo mpaka ana onse atakula.

Tsono ananu, masiku ano mumafunsa foni ndipo siikusekani, ndi mwayi wanu umenewo. Koma pakakhala munthu wodziwa pafupi, nenani kukadali mmawa kuti simudziwa. Manyazi amatha tsiku lomwelo, pomwe ine dimba langa linagona chaka chathunthu.